Anthu Amene Ananyamula Katemera

Nthomba yeniyeni, osati katsabola amene amatuluka ana n'kupola pa sabata imodzi kapena ziwiri, inkayamba ngati malungo. Munthu ankatentha thupi, mutu n'kumagunda, msana n'kumawawa koopsa. Pakapita masiku awiri kapena atatu kutentha kuja kunkatsika, abale n'kuyamba kupumira m'mwamba, koma apo m'pamene tizilonda tinkayamba kutuluka m'kamwa, kenako kumaso, m'manja mpaka kumapazi. Tizilondato tinkasanduka matuza olimba odzaza mafinya, ndipo kwa ena matuzawo ankalumikizana mpaka nkhope yonse kukhala chilonda chimodzi. Mwa odwala 10 alionse, pafupifupi atatu ankamwalira. Opulumuka ankatsala ndi nkhope ya maenjemaenje moyo wawo wonse, ambiri n'kuchitanso khungu. Mankhwala ochiza panalibe.

Matendawa anakhala ndi anthu zaka masauzande. Mtembo woumikidwa wa Farao Ramses V wa ku Egypt, amene anamwalira zaka zoposa 3,000 zapitazo, uli ndi timatuza kumaso tofanana ndi ta nthomba. Mu 1520 nthomba inalowa mumzinda wa Tenochtitlan ku Mexico potsatira asilikali a ku Spain, n'kupha mfumu Cuitláhuac ndi anthu ake osawerengeka mzindawo usanagwe n'komwe. Mu 1713 inatsika m'sitima ku Cape Town n'kusesa Akhoikhoi. Nyumba yachifumu sinkaiopa: inapha Mfumukazi Mary II ya ku England mu 1694 ndi Mfumu Louis XV ya ku France mu 1774. M'zaka za m'ma 1700 inkapha anthu pafupifupi 400,000 chaka chilichonse ku Ulaya kokha, ndipo kuchokera mu 1900 kufika pamene inatha, inatenga miyoyo pafupifupi 300 miliyoni padziko lonse.

Lero palibe ndi mmodzi yemwe wodwala nthomba. Pa matenda onse a anthu, ndi okhawa amene anathetsedweratu. Nkhaniyi ikamaphunzitsidwa m'kalasi limamveka dzina limodzi, la Edward Jenner, ndipo ulemu umenewo ngomuyeneradi. Koma ndikaitsata kuyambira kumayambiriro, ndimaona kuti kutulukira katemera inali ntchito yocheperapo kusiyana ndi kumufikitsa pamkono wa munthu amene akumufuna. Ntchito yachiwiriyi anaigwira akapolo, okama ng'ombe, ana amasiye ndi anthu oyenda wapansi m'midzi, ndipo mpaka pano ndi imene imativuta.

Jenner asanabadwe n'komwe, anthu anali ataona kale kuti wodwala nthomba akachira, siimubwereranso. Choncho ena anaganiza zoidwala mwadala, koma mopepuka. Ku China, pofika zaka za m'ma 1500, asing'anga ankasinja nkhanambo za wodwala amene nthomba yake inali yofatsa, n'kuuzira ufawo m'mphuno mwa mwana. Ku India, ku Turkey ndi m'madera ambiri a Africa ankatema timphini pamkono n'kupakapo timafinya ta wodwala. Wotemeredwayo ankadwaladi, ndipo ankatha kupatsira ena nthomba yeniyeni, koma mwa anthu 100 otemeredwa motere ankafa mmodzi kapena awiri, pamene nthomba yobwera yokha inkapha 20 kapena 30.

Nzeru imeneyi inafika ku Boston, ku America, kudzera mwa kapolo. Mu 1706 anthu a mumpingo wina kumeneko anagula munthu wochokera ku Africa n'kumupereka ngati mphatso kwa mbusa wawo, Cotton Mather. Mbusayo anamutcha dzina la m'Baibulo, Onesimus, ndipo dzina limene anamupatsa makolo ake palibe anavutika kulilemba. Tsiku lina Mather anamufunsa ngati anadwalapo nthomba. Onesimus anamuonetsa chipsera pamkono, n'kufotokoza kuti kwawo anamutemera, ndipo kuti munthu akatemeredwa motero nthomba siimugwiranso. Mather anafunsa akapolo ena, nawonso ananena zomwezo, ndipo mu 1716 analembera akatswiri a Royal Society ku London kuwauza zimene anamva.

Mu 1721 sitima inabweretsa nthomba ku Boston, tauni ya anthu pafupifupi 11,000 pa nthawiyo. Mather anachonderera madokotala kuti ayese njira ija. Onse anakana kupatula mmodzi, Zabdiel Boylston, amene anayambira pa mwana wake wa zaka 6 ndi akapolo ake awiri. Tauni inawira. Ena ankati uku n'kulimbana ndi chifuniro cha Mulungu. Ena ankati mawu a munthu wakuda sangakhulupirike, mwina akapolo apangana zopha ambuye awo. Mu Novembala munthu wina anaponya bomba pawindo la nyumba ya Mather, mwamwayi silinaphulike. Mliri utatha anakhala pansi n'kuwerenga. Anthu pafupifupi 5,900 anadwala nthomba yobwera yokha, ndipo 844 anamwalira, kutanthauza mmodzi mwa 7 alionse. Mwa anthu oposa 240 amene Boylston anawatemera, anamwalira 6. Iyi inali imodzi mwa nthawi zoyamba m'mbiri ya zachipatala pamene mkangano unaweruzidwa ndi chiwerengero cha amoyo ndi akufa, osati ndi ukulu wa wolankhula.

Chaka chomwecho ku London kunkachitika zofanana. Lady Mary Wortley Montagu, mkazi wa kazembe wa Britain ku Constantinople, anali atataya mchimwene wake ndi nthomba, iyenso inamusiyira zipsera kumaso. Ali ku Turkey anaona amayi okalamba akuyenda m'makomo ndi singano ndi timafinya m'chikhokhombe cha mtedza, akutemera ana. Anatemeretsa mwana wake wamwamuna mu 1718, ndipo atabwerera kwawo anatemeretsa wamkazi mu 1721 madokotala a kunyumba yachifumu akuonerera. Banja lachifumu lisanapereke ana ake, anayamba ayesa pa akaidi 6 a m'ndende ya Newgate, powalonjeza ufulu, kenako pa ana amasiye. Zoyesera pa anthu opanda mawu tizionanso kutsogoloku.

M'midzi ya kumadzulo kwa England, alimi ankanena kuti wokama ng'ombe amene anatenga matuza a kumawere a ng'ombe sadwala nthomba. Mlimi wina wa ku Yetminster, Benjamin Jesty, anakhulupirira zimenezi mpaka mu 1774 anatenga singano yolukira, n'kutemera mkazi wake ndi ana ake aamuna awiri ndi mafinya a ng'ombe. Anansi anamunyoza, koma banjalo linapulumuka. Chimene Jenner, dokotala wa m'tauni yaing'ono ya Berkeley, anawonjezera chinali kuyesa, kulemba ndi kusatopa. Pa 14 Meyi 1796 anatenga mafinya pa dzanja la Sarah Nelmes, mtsikana wokama ng'ombe, n'kutemera James Phipps, mwana wa zaka 8 wa munthu amene ankamusamalira dimba. Mwanayo anatentha thupi pang'ono n'kuchira. Mu Julayi Jenner anamutemera mafinya a nthomba yeniyeni, ndipo sinamugwire. Royal Society inakana lipoti lake loyamba ponena kuti umboni ngochepa. Iye anayesa pa anthu ena, n'kusindikiza kabuku ndi ndalama zake mu 1798. Ubwino wa njira yatsopanoyi unali woonekeratu: wotemeredwa sankadwala nthomba, choncho sankapatsira wina aliyense. Kachilombo ka matuza a ng'ombe n'kachibale ndi ka nthomba, motero thupi likaphunzira kulimbana ndi kofatsako, kolusa kaja kamapeza pakhomo potseka. Chodabwitsa n'chakuti akatswiri a masiku ano atapima katemera wotsala m'timabotolo takale, anapeza kuti kachilombo kake kakufanana kwambiri ndi ka matuza a akavalo, zimene Jenner mwiniyo ankaganizirapo.

Apa m'pamene panabuka funso limene likutsatabe katemera aliyense: adzafika bwanji kutali? Matuza a ng'ombe sankapezeka paliponse, furiji kunalibe, ndipo mafinya oumitsidwa pa ulusi kapena pakati pa magalasi ankatha mphamvu pa ulendo wautali wa m'madera otentha. Mfumu Carlos IV ya ku Spain inkafuna katemerayu afike kumaiko amene inkalamulira kutsidya la nyanja ya Atlantic. Dokotala Francisco Javier de Balmis anapeza njira yomwe imandikhudza nthawi zonse ndikaiganizira. Pa 30 Novembala 1803 sitima yotchedwa María Pita inanyamuka padoko la A Coruña itanyamula anyamata 22 a m'nyumba zosungira ana amasiye, a zaka zapakati pa 3 ndi 9. Awiri anatemeredwa ponyamuka. Pakatha masiku 9 kapena 10, matuza awo akakhwima, ankatenga timadzi take n'kutemera awiri otsatira, chonchobe mpaka kuwoloka nyanja. Ankatemera awiriawiri kuti wina akapanda kutulutsa thuza, unyolo usaduke. Ana anayenera kuyang'aniridwa usana ndi usiku kuti asakande chilonda n'kuwononga thuza, kapena kupatsira anzawo nthawi yawo isanakwane. Ntchito imeneyi inali m'manja mwa mayi mmodzi yekha m'sitimamo, Isabel Zendal, woyang'anira nyumba ya ana amasiye ya ku A Coruña, amene mwana wake yemwe anali m'gululo.

Katemera anafika wamoyo ku Venezuela, ndipo gululo linagawikana. José Salvany analowera kum'mwera, kukwera mapiri a Andes akudwala, mpaka anafera ku Cochabamba mu 1810. Balmis anapita ku Mexico, ndipo mu 1805 anatenga anyamata ena 26 a kumeneko kuwoloka nyanja ya Pacific mpaka ku Philippines. Anthu masauzande mazanamazana anatetezedwa. Anyamata a ku Spain aja, amene analonjezedwa sukulu ndi chisamaliro cha mfumu, anakasiyidwa m'nyumba yosungira osauka mumzinda wa Mexico.

Otsutsa katemera anayamba limodzi ndi katemerayo. Mu 1802 ku London kunatuluka chithunzi chojambula pamanja choonetsa anthu otemeredwa akumera mitu ya ng'ombe m'thupi. Koma tisafulumire kuwaona onse ngati mbuli, chifukwa madandaulo ena anali oona. Kutemera kuchoka pamkono wina kupita pamkono wina kunkafalitsa matenda ena: mu 1861 m'mudzi wa Rivalta ku Italy ana oposa 40 anatenga chindoko m'njira imeneyi. Britain itakhazikitsa lamulo lokakamiza katemera mu 1853, n'kulikhwimitsa pambuyo pake, olipitsidwa chindapusa ndi otsekeredwa anali makamaka osauka. Mu 1885 anthu masauzande ambiri anachita zionetsero mumzinda wa Leicester, ndipo mu 1898 boma linalola kholo kukana. Chimene chinachotsa vuto la chindoko si chindapusa ayi, koma kusiya njira ya mkono ndi mkono n'kuyamba kupangira katemera pakhungu la ana a ng'ombe.

Kwa zaka pafupifupi 80 katemera anali mmodzi yekhayo. Anatsegula njira ya ena ndi Louis Pasteur wa ku France, amene anasonyeza kuti kachilombo kangathe kufooketsedwa mwadala. Thupi likakumana ndi kachilombo kofooka, kakufa, kapena kachidutswa kake chabe, limakonza asilikali odziwa mdani ameneyo n'kuwasunga. Mu 1881 ku Pouilly-le-Fort Pasteur anaonetsa pagulu kuti nkhosa zobayidwa katemera wa anthrax zikukhala moyo pamene zinzake zikufa. Pa 6 Julayi 1885 anayamba kubaya Joseph Meister, mnyamata wa zaka 9 wolumidwa ndi galu wachiwewe, ndipo mwanayo anapulumuka. Kuchokera apo zinthu zinayenda mofulumira. Albert Calmette ndi Camille Guérin anatha zaka 13 akusamutsa kachilombo ka chifuwa chachikulu cha ng'ombe maulendo 230 mpaka kanafooka, ndipo BCG, amene amasiya kachipsera pamkono wa ana athu, anaperekedwa koyamba mu 1921. Katemera wa diphtheria, kafumbata ndi chifuwa chokoka mtima anatsatira. Max Theiler, wobadwira ku Pretoria, anapanga wa yellow fever mu 1937 kuchokera ku kachilombo kamene kanatengedwa m'magazi a bambo wa ku Ghana wotchedwa Asibi. Poliyo atagwira anthu pafupifupi 58,000 ku America mu 1952, katemera wa Jonas Salk anayesedwa m'kafukufuku wa ana 1.8 miliyoni, ndipo pa 12 Epulo 1955 analengeza kuti akugwira ntchito. Wa madontho a m'kamwa, wa Albert Sabin, anayesedwa pa anthu mamiliyoni ku Soviet Union. Wa chikuku anabwera mu 1963.

Ngozi zinalipo, ndipo kuzibisa n'kupatsa mphamvu ofalitsa mabodza. Mu 1930 ku Lübeck, ku Germany, BCG anasakanikirana ndi kachilombo kamphamvu ka chifuwa chachikulu m'chipinda chokonzera, ndipo makanda oposa 70 anamwalira. Mu 1955, milungu yochepa chilengezereni katemera wa Salk, kampani ya Cutter inatulutsa katemera amene munali kachilombo kamoyo. Ana pafupifupi 40,000 anadwala, anthu pafupifupi 200 anapuwala, 10 anamwalira. Malamulo okhwima amene alipo lero, oti gulu lililonse la katemera lipimidwe lisanatuluke m'fakitale ndi kuti zovuta zilizonse zotsatira zilembedwe ndi kufufuzidwa, anakula kuchokera pa maliro amenewa.

Pamene zonsezi zinkachitika, nthomba inali ikupha anthu mamiliyoni ku Africa, ku Asia ndi ku Brazil, zaka zoposa 150 chitulukireni katemera wake. Mu 1958 Viktor Zhdanov wa ku Soviet Union anapempha msonkhano wa bungwe la zaumoyo padziko lonse, WHO, kuti maiko agwirizane kuithetseratu. Anavomera mu 1959, koma ndalama zinali zochepa ndipo ntchito inkayenda mwakachetechete. Inayamba mwamphamvu mu 1967 motsogozedwa ndi D. A. Henderson wa ku America. Chaka chimenecho anthu pakati pa 10 ndi 15 miliyoni anadwala nthomba, pafupifupi 2 miliyoni n'kumwalira, ndipo inali yokhazikika m'maiko 31. America ndi Soviet Union, amene ankalozerana mizinga, pa nkhani iyi anagwirira limodzi.

Zida zimene zinapambanitsa nkhondoyi zinali zazing'ono. Choyamba chinali katemera wouma ngati ufa, wokonzedwa m'njira ya Leslie Collier, amene ankapirira kutentha kwa mwezi wathunthu popanda furiji. Chachiwiri chinali kasingano ka mphanda kunsonga, kopangidwa ndi Benjamin Rubin. Wotemera ankakaviika m'kabotolo, kadontho n'kukakamira pakati pa mphandazo, kenako n'kujompha pamkono maulendo 15 mofulumira mpaka kuoneke kamagazi pang'ono. Munthu wosaphunzira zachipatala ankaidziwa ntchitoyi m'mphindi zochepa. Kasinganoko ankakawiritsa n'kukagwiritsanso ntchito, ndipo kabotolo kamodzi kankakwanira anthu ochuluka kanayi kuposa kale.

Chachitatu chinali nzeru imene inabadwa chifukwa cha kusowa. Mu Disembala 1966 nthomba inabuka kum'mawa kwa Nigeria, ndipo dokotala William Foege analibe katemera wokwanira aliyense. Anagwiritsa ntchito wailesi za amishonale kupempha kuti atumize anthu m'midzi yonse kukafunsa kumene kuli odwala. Kenako anatemera okhala m'midzi imeneyo, abale awo okhala kwina, ndi a m'misika imene iwo ankapitako. Mliri unazima anthu ambiri asanatemeredwe n'komwe. Zili ngati mmene timalambulira m'mphepete mwa munda kuti moto wolusa ukafika usowe choyatsa. Njira imeneyi inatheka chifukwa nthomba imaonekera pankhope, siibisala m'nyama, ndipo imafalikira pang'onopang'ono.

Ku India, kumene anthu pafupifupi 188,000 anadwala mu 1974, ogwira ntchito oposa 100,000 ankayenda khomo ndi khomo atanyamula khadi la chithunzi cha mwana wodwala nthomba, kufunsa m'misika ndi m'masukulu ngati wina waona zotere. Pakhomo pa wodwala ankaika alonda usana ndi usiku. Woulula wodwala ankalandira mphotho. M'malo ena anthu anatemeredwa mokakamizidwa, zitseko zikuthyoledwa, ndipo mbali imeneyi siyenera kufufutidwa m'mbiri. Womaliza kudwala mtundu woopsa kwambiri wa nthomba mwachilengedwe anali Rahima Banu, kamtsikana ka pachilumba cha Bhola ku Bangladesh, mu Okutobala 1975. Anakaulula ndi mtsikana wina wa zaka 8, amene analandira mphotho ya 250 taka.

Womaliza kudwala nthomba ya mtundu uliwonse mwachilengedwe anali Ali Maow Maalin, wophika pachipatala cha ku Merca ku Somalia, wa zaka 23. Iye anali atazemba katemera chifukwa choopa kupweteka. Mu Okutobala 1977 anakwera galimoto kwa mphindi zochepa kulondolera dalaivala amene ananyamula ana awiri odwala nthomba. Pa 26 Okutobala matuza anatuluka. Poyamba anamuyesa wa malungo, kenako wa katsabola. Zitadziwika, chipatala chinatsekedwa, onse amene anakumana naye anasakidwa, ndipo anthu oposa 54,000 anatemeredwa m'milungu iwiri. Palibe anatengera kwa iye. Mu 1978 nthomba inathawa m'chipinda chofufuzira ku Birmingham n'kupha Janet Parker, wojambula zithunzi zachipatala, koma sinafalikire kutali. Pa 8 Meyi 1980 WHO inalengeza kuti nthomba yatha. Ntchito yonse inadya pafupifupi madola 300 miliyoni. Maalin anachira, ndipo pambuyo pake anadzipereka kuyenda m'midzi ya ku Somalia kukopa makolo kuti ana alandire katemera wa poliyo, akuwauza zimene zinamuchitikira iye. Anamwalira ndi malungo mu Julayi 2013 ali pa ntchito yomweyo.

Ku Malawi nthomba inatha kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970, ndipo inatisiyira cholowa chimene ambiri sachidziwa. Anthu amene boma linawalemba m'zaka za m'ma 1960 kuti azitemera nthomba m'midzi ndi amene anasanduka othandiza pa kolera m'zaka za m'ma 1970, ndipo m'kupita kwa nthawi ntchito yawo inakhala ya alangizi a zaumoyo amene timawadziwa lero. Padziko lonse zinachitikanso chimodzimodzi. Mu 1974, pamene ana osakwana 5 mwa 100 alionse a m'maiko osauka ankalandira katemera wofunikira, WHO inakhazikitsa ndondomeko ya katemera wa ana, ndipo Malawi inayamba yake mu 1979. Sikelo ya pansi pa mtengo, mlangizi atafika pa njinga ndi bokosi loziziritsa, amayi atakhala pamzere ndi mabuku a ana m'manja, akuimba nyimbo asanayambe kuyeza: kumeneko n'kumene mbiri imeneyi ikupitirira mwezi ndi mwezi. Kafukufuku wa WHO wa mu 2024 anapeza kuti pa zaka 50 katemera wapulumutsa miyoyo pafupifupi 154 miliyoni, ambiri mwa iwo makanda. Malawi yathandizapo pa nzeru zatsopano. Pa 23 Epulo 2019 inali dziko loyamba kuyamba kupereka katemera wa malungo wa RTS,S kusikelo, ndipo ana pafupifupi 28,000 a ku Blantyre analowa m'kafukufuku amene anasonyeza kuti katemera watsopano wa taifodi amateteza ana a mu Africa.

Koma chopezedwa chimatha kutayika. Mu 1998 Andrew Wakefield anafalitsa lipoti la ana 12 lonena kuti katemera wa chikuku akukhudzana ndi matenda a autism. Zinadziwika kuti linali lachinyengo, linachotsedwa mu 2010 ndipo iye analandidwa chiphaso cha udokotala, koma bodzalo likuyendabe. Mu 2003 zigawo zina za kumpoto kwa Nigeria zinaimitsa katemera wa poliyo chifukwa cha mphekesera zakuti amatseketsa kubereka, ndipo poliyo anafalikira kumaiko ambiri amene anali atamuthetsa kale. Mu 2010 chikuku chinagwira anthu oposa 130,000 ku Malawi, pafupifupi 300 n'kumwalira. Africa inalengezedwa kuti yathetsa poliyo wachilengedwe mu Ogasiti 2020, koma mu Febuluwale 2022 anapezeka mwa kamtsikana ka zaka 3 ku Lilongwe, ndipo kachilomboko kanali kochokera ku Pakistan. Patapita miyezi yochepa kanapezekanso ku Tete. Chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe.

Covid-19 atabuka, ambiri anakayikira kuti katemera angapangidwe bwanji m'chaka chimodzi. Funsolo ndi lomveka, ndipo yankho lake lilipo. Katalin Karikó, wochokera ku Hungary, anatha zaka zambiri akufufuza mRNA, kauthenga kamene maselo a thupi amawerenga popanga mapuloteni. Anakanidwa ndalama kambirimbiri, ndipo mu 1995 anatsitsidwa paudindo pa yunivesite ya Pennsylvania. Mu 2005 iye ndi Drew Weissman anapeza mmene angasinthire kauthengaka kuti thupi lisakakane. Akatswiri ena, pofufuza SARS ya mu 2003 ndi MERS ya mu 2012, anali atadziwa kale kuti pogwirira kachilombo ka mtundu umenewu ndi timinga ta kunja kwake. Choncho akatswiri a ku China atafalitsa mpangidwe wa kachilombo katsopanoka mu Januwale 2020, zida zinali zokonzeka. Katemera wa mRNA amapatsa thupi malangizo opangira kaminga kokhako, asilikali a m'thupi n'kukaphunzira, uthengawo n'kutha m'masiku ochepa. Kampani ya Moderna inabaya munthu woyamba pa 16 Malichi 2020. Kafukufuku wa Pfizer ndi BioNTech anakhudza anthu oposa 43,000. Maboma anathira ndalama zoti mafakitale ayambe kupanga zotsatira zisanatuluke, ndipo poti odwala anali ochuluka, sizinatenge nthawi kuona kusiyana kwa obayidwa ndi osabayidwa. Pa 8 Disembala 2020 Margaret Keenan, gogo wa zaka 90, analandira katemera wa Pfizer ku Coventry. Zovuta zosowa zinapezeka, monga kuundana kwa magazi mwa anthu ochepa kwambiri olandira wa AstraZeneca, ndipo zinalengezedwa poyera. Akatswiri anawerengera kuti m'chaka choyamba chokha katemerayu anapulumutsa miyoyo yoposa 14 miliyoni. Karikó ndi Weissman analandira mphotho ya Nobel mu 2023.

Kupanga kunafulumira kuposa kale lonse, koma kugawa kunali kwamanyazi. Maiko olemera anasungitsiratu katemera wochuluka, Canada mpaka wokwanira kubaya nzika iliyonse kangapo. Mu Januwale 2021, pamene ku Ulaya anali akubaya kale, ku Malawi tinkaika maliro tsiku ndi tsiku, ndipo pa 12 Januwale nduna ziwiri, a Sidik Mia ndi a Lingson Belekanyama, anamwalira tsiku limodzi. Madozi oyamba 360,000 a ndondomeko ya COVAX, yothandiza maiko osauka kupeza katemera, anafika pa 5 Malichi. Pasanapite nthawi India, kumene kampani ya Serum Institute inkapangira katemera wa maiko osauka, inaimitsa kutumiza kunja chifukwa mliri unali utaikulira kwawo. Gulu lina la madozi 102,000 linafika ku Malawi kumapeto kwa Malichi litatsala ndi masiku osakwana 20 kuti lithe mphamvu, mphekesera za 666 ndi za kusabereka zili ponseponse pa WhatsApp, ndipo mu Meyi boma linawotcha madozi 19,610 poyera. Ena kunja anati Aafirika sakufuna katemera. Zoona zake n'zakuti anafika mochedwa, modukizadukiza, ndipo mabodza anali atafika kale. Mu Novembala akatswiri a ku Botswana ndi South Africa ataulula za mtundu wa Omicron, malipiro ake anali kutsekeredwa maulendo a ndege, Malawi ili m'gulu lomwelo. Chaka cha 2021 chinatha munthu mmodzi yekha mwa 10 alionse mu Africa atalandira katemera wokwanira.

Africa imapanga pafupifupi 1 peresenti yokha ya katemera amene imagwiritsa ntchito. Bungwe la African Union linadziikira cholinga choti pofika 2040 ifike pa 60 peresenti, ndipo poyambira palipo: Institut Pasteur ya ku Dakar yakhala ikupanga katemera wa yellow fever kwa zaka zambiri, ndipo ku Cape Town kampani ya Afrigen ikuphunzitsa maiko ena luso la mRNA. Pakadali pano katemera wambiri wa ana a ku Malawi amagulidwa ndi thandizo la bungwe la Gavi, ndipo mu Juni 2025 boma la America linalengeza kuti lisiya kulipatsa ndalama. Aphungu athu akamakambirana bajeti ya zaumoyo, afunse kuti ndalama zogulira katemera zochokera m'thumba lathu ndi zingati, mafuriji a m'zipatala za kumidzi akugwira ntchito ndi angati, ndipo alangizi a zaumoyo ali ndi njinga ndi malipiro pa nthawi yake kapena ayi. Mafunso amenewa afunsidwe chaka chino, mliri wina usanafike.